Malamulo a Aroma: mmene Justinian anawasonkhanitsira, ndi chifukwa chake makhoti akuwatchulabe mpaka lero

Mu 2017, mumzinda wa Port Elizabeth ku South Africa, agalu atatu anazemba kumpanda kwa mbuye wawo n'kukagwira bambo wina amene ankangodzidutsira mumsewu. Anamuluma koopsa mpaka madokotala anachita kudula mkono. Atasumiridwa, mwini agalu uja anati iye analibe mlandu chifukwa mageti anali okiya, ndipo amene anawatsegula anali munthu wina wosadziwika. Nkhaniyi inakafika ku khoti lalikulu la apilo ku Bloemfontein, ndipo mu 2020 majaji anagamula kuti mwini agaluyo ayenera kulipira basi. Lamulo limene anatsamira limatchedwa actio de pauperie. Limati chiweto chako chikavulaza munthu popanda kuputidwa, wolipira ndiwe mwini wake, ngakhale zitakhala kuti sunalekerere. Lamuloli silinapangidwe ndi aphungu a ku Cape Town. Linalembedwa koyamba ku Rome cha m'ma 450 BC.

Ufumu wa Aroma unatha kalekale, ndipo palibe amene amalankhula Chilatini pakhomo pake. Nanga lamulo lawo lafika bwanji kum'mwera kwa Africa kuno? Njira yake inadutsa mumzinda wa Constantinople, womwe lero ndi Istanbul. Kumeneko, pakati pa 528 ndi 534, Mfumu Justinian analamula kuti malamulo amene anaunjikana kwa zaka pafupifupi 1,000 asankhidwe n'kuikidwa pamodzi. Maloya amaitchula ntchito yotere kuti codification: boma limatenga malamulo obalalika, kuwasanja mutu ndi mutu m'buku limodzi lotchedwa code, n'kulengeza kuti kuyambira tsiku lakuti, lamulo ndi zimene zili m'bukumo. Zimene Justinian ankafuna pa ntchitoyi zambiri zinalephereka iye akadali moyo. Mabuku ake anadzagwira ntchito yaikulu patadutsa zaka 500, m'manja mwa anthu amene iye sanawaganizireko n'komwe.

## Magome 12

Aroma atangothamangitsa mafumu awo akale, malamulo sankalembedwa poyera. Ankawasunga ansembe, ndipo ansembewo ankachokera m'mabanja apamwamba okhaokha. Munthu wamba akagwa m'ngongole ankapita kubwalo osadziwa chimene lamulo likunena, ndipo womuuza lamulolo anali wa gulu lomwelo la womukongoza. Anthu wamba atavuta kwa zaka zambiri, mu 451 BC anasankhidwa amuna 10 kuti alembe malamulo. Analemba malamulowo pa magome 10 onga zikwangwani, chaka chotsatira anawonjezera awiri, onse n'kuwaimika pabwalo lalikulu la mzinda. Magome enieniwo anatayika. Zimene zatifika ndi zidutswa zimene olemba a pambuyo pake ankatchula m'mabuku awo, ndipo wandale ndi mlembi wotchuka Cicero, amene anakhala patadutsa zaka 400, ananena kuti ali mwana ankawaloweza pamtima.

Anali malamulo aafupi ndi aukali, a anthu olima ndi oweta. Ukaitanidwa kubwalo, pita. Ukakana, wokusumirayo aitane mboni n'kukugwira. Wangongole ankapatsidwa masiku 30, akalephera ankamangidwa maunyolo, ndipo pamapeto pake akanatha kugulitsidwa kutsidya kwa mtsinje wa Tiber. Bambo akagulitsa mwana wake wamwamuna katatu, mwanayo ankamasuka ku ulamuliro wa bambo wake. Wopundula mnzake chiwalo naye ankapundulidwa, pokhapokha atagwirizana za chipukuta misozi. Womenya mnzake osamuvulaza kwambiri ankalipira timakobidi 25 totchedwa as.

Chindapusa chomalizachi chimasonyeza vuto la lamulo lolembedwa. Patadutsa zaka mazana angapo, ndalama zija zinatha mphamvu. Katswiri wina wa malamulo, Labeo, anasimba za munthu wolemera dzina lake Lucius Veratius, amene ankayenda m'misewu ya Rome akuwomba anthu mbama mwachisawawa, kapolo wake akutsatira pambuyo ndi thumba la ndalama, aliyense womenyedwa n'kumuwerengera 25 yake pomwepo. Lamulo linali litaima pamodzi, moyo utapita kutsogolo.

## Amene ankalikuza lamulo

Aroma sanafafanize Magome 12. Anapeza njira yowazungulira. Kuyambira mu 367 BC kunali udindo wa praetor, mkulu wosankhidwa chaka ndi chaka kuti ayang'anire milandu. Iye sankaweruza yekha. Anthu awiri akabwera ndi mkangano, ankalemba kachikalata kakafupi kotchula funso la mlanduwo: zikapezeka kuti uje ali ndi ngongole yakuti kwa uje, mulipiritse, zikapanda kupezeka, mmasule. Kenako ankawatumiza kwa munthu wolemekezeka amene onse awiri amuvomereza, kuti amve mboni n'kugamula. Polowa pa udindo, praetor aliyense ankapachika chilengezo cha mitundu ya madandaulo imene adzalole chaka chimenecho. Womutsatira ankatenga chilengezocho n'kuwonjezerapo zake. Umu ndi mmene munalowera mfundo yoti munthu amene anachita pangano moopsezedwa kapena mopusitsidwa akhoza kukana kulikwaniritsa, ndipo umu ndi mmene chindapusa cha 25 chija chinalowedwera m'malo ndi kuyesa kukula kwa chipongwe chilichonse. Akuluakulu oyang'anira misika nawo anali ndi chilengezo chawo: wogulitsa kapolo kapena chiweto azinena chilema chimene chilipo, apo ayi wogula akhoza kubweza pasanathe miyezi 6. Cha m'ma 130 AD, Mfumu Hadrian anauza katswiri Salvius Julianus kuti alembe chilengezo cha praetor komaliza, chisamasinthidwenso.

Koma mtima wa nkhani yonseyi ndi gulu lina, akatswiri a malamulo amene sanali majaji komanso sanali oimira anthu pabwalo. Anali anthu ophunzira amene ankafunsidwa nzeru ndi praetor, ndi woweruza, ndi munthu aliyense wa mlandu, ndipo ankalemba mayankho awo m'mabuku. Sankakonda kuyamba ndi mfundo zikuluzikulu. Ankatenga nkhani imodzi n'kumaitembenuza uku ndi uku.

Taonani iyi, imene ophunzira zamalamulo amaiwerengabe. Anthu akusewera mpira. Wina waumenya mwamphamvu, mpira wakagunda dzanja la wometa amene akumeta kapolo ndevu chapafupi, lumo n'kucheka pakhosi. Ndani alipire mwini kapolo? Katswiri Mela anati alipire amene kusasamala kuli pa iye. Proculus anati wosasamalayo ndi wometa. Ulpian anavomereza kuti ngati wometayo anaika mpando wake pamalo amene anthu amasewera nthawi zonse kapena podutsa anthu ambiri, ali ndi mlandu, koma anawonjezera kuti sikulakwa kunenanso kuti munthu wopereka khosi lake kwa wometa wokhala pamalo oopsa adzidandaule yekha. M'mizere yochepa chabe muli mafunso atatu amene khoti lililonse limakumana nawo pa ngozi ya pamsewu lero: kusasamala n'chiyani, chinayambitsa ngozi n'chiti, nanga wovulalayo akakhala kuti nayenso anathandizira? Akatswiri atatu onsewa ankamasulira lamulo lakale lotchedwa lex Aquilia, la m'zaka za m'ma 200 BC, lokhudza kuwononga katundu wa mwini.

Cha m'ma 160 AD mphunzitsi wina, Gaius, analemba buku la oyamba kumene, m'mene anagawa malamulo onse patatu: okhudza anthu, okhudza zinthu, ndi okhudza njira zosumira. Pambuyo pake kunabwera Papinian, Paulus, Ulpian ndi Modestinus. Kuyandikira mafumu kunali ndi mtengo wake: Papinian anaphedwa mu 212 molamulidwa ndi Caracalla, chaka chomwecho chimene mfumuyo inapereka unzika wa Roma kwa pafupifupi mfulu zonse za mu ufumuwo, ndipo Ulpian anaphedwa ndi asilikali a kunyumba yachifumu m'zaka za m'ma 220. Pofika pakati pa zaka za m'ma 200, mzere wa akatswiriwa unali utauma, ndipo lamulo latsopano linkangochokera pakamwa pa mfumu.

## Mulu wosanyamulika

Chotsala chinali mulu wa mabuku. Jaji wa kutali ndi likulu sakanatha kudziwa ngati buku limene loya akumuwerengera lilidi lenileni, kapena ngati chilengezo cha mfumu chimene akutchula sichinasinthidwe ndi china. Mu 426 kunatuluka lamulo loti m'khoti muzitchulidwa makamaka akatswiri asanu: Gaius, Papinian, Paulus, Ulpian ndi Modestinus. Akasiyana maganizo, ochuluka apambane. Akafanana chiwerengero, mbali imene kuli Papinian ndiyo yoona. Jaji anasanduka wowerenga mitu ya anthu akufa m'malo moyesa kulemera kwa mfundo zawo. Mu 438 Mfumu Theodosius II anatulutsa code ya mabuku 16 ya malamulo a mafumu kuyambira pa Mfumu Constantine, koma mulu wa akatswiri uja sanaukhudze. Nthawi imeneyi ufumu unali utagawika pawiri, wa kum'mawa ndi wa kumadzulo, ndipo mu 476 mfumu yomaliza ya kumadzulo inachotsedwa pampando.

## Zaka 6 za Justinian ndi Tribonian

Justinian anakhala pampando mu 527. Anali mwana wa kumudzi wa ku Balkan, wolankhula Chilatini, koma ankalamulira ufumu wa kum'mawa umene anthu ake ambiri ankalankhula Chigiriki. Mzinda wa Rome weniweniwo unali m'manja mwa mtundu wina wotchedwa Agoti. Iye ankafuna kubwezeretsa ufumu wakale, ndi nkhondo ndi malamulo omwe.

Anayamba ndi chosavuta. Mu February 528 anasankha amuna 10 kuti asonkhanitse malamulo a mafumu, kuchotsa otha ntchito ndi otsutsana. Codex yoyamba inatuluka mu April 529. M'gululi munali loya wina wochokera ku Pamphylia, kum'mwera kwa dziko limene lero ndi Turkey, dzina lake Tribonian, amene anali ndi mabuku akale osowa ambiri. Pa 15 December 530 mfumu inamupatsa ntchito imene Theodosius anailephera: kulowa m'mulu wa akatswiri. Tribonian anasankha anzake 16, ena aphunzitsi a ku Constantinople ndi ku Beirut, ambiri maloya a m'khoti.

Malinga ndi chilengezo cha Justinian mwini, gululi linawerenga mabuku pafupifupi 2,000, a mizere yoposa 3 miliyoni, n'kutsala ndi mizere 150,000. Ndiye kuti pa mizere 20 iliyonse unatsala umodzi. Ntchitoyi inali ngati kupeta ndi lichero: chotsala m'lichero ndicho chimalowa m'thumba, ndipo chimene chauluka ndi mphepo palibe amakachitola. Zotsalazo, zidutswa zoposa 9,000 za akatswiri pafupifupi 40, anazisanja m'mabuku 50 otchedwa Digest. Ulpian yekha ali ndi magawo awiri mwa magawo asanu a buku lonse. Pamwamba pa chidutswa chilichonse analembapo dzina la mwini wake ndi buku limene chachokera, ndipo chifukwa cha ulemu umenewu tikudziwa lero amene ananena chiyani. Komabe mfumu inawapatsanso chilolezo chosintha mawu a akatswiriwo kuti agwirizane ndi nthawi yawo, osasonyeza pamene asintha. Akatswiri a ku Ulaya, makamaka a ku Germany ndi ku Italy, anadzatha zaka zambiri akusaka kuti mawu a Ulpian athera pati ndipo a Tribonian ayambira pati.

Ntchito imene ankayembekeza kuti itenga zaka 10 inatha m'zaka zitatu. Mmene anachitira changu chotere anadzazitulukira katswiri wa ku Germany, Friedrich Bluhme, mu 1820, ataona kuti zidutswa za m'mutu uliwonse zimabwera m'magulu otsatana mofanana: zikuoneka kuti anagawana mabuku m'makomiti atatu, iliyonse n'kumawerenga mulu wake. Ndipo sanagwire pamtendere. Mu January 532 mumzinda munabuka zipolowe zotchedwa Nika, khamu likufuna kuti Tribonian achotsedwe chifukwa ankamunena kuti ndi wa ziphuphu. Justinian anamuchotsa pa udindo, kenako asilikali anapha anthu pafupifupi 30,000 m'bwalo la mipikisano ya akavalo. Ntchito ya Digest sinaime, ndipo Tribonian anadzabwerera pa udindo wake.

Digest inalengezedwa pa 16 December 533. Pafupifupi mwezi umodzi izi zisanachitike kunatuluka buku laling'ono la ophunzira a chaka choyamba, Institutes, lolembedwa ndi Tribonian pamodzi ndi aphunzitsi Theophilus ndi Dorotheus motsatira magawo atatu a Gaius aja. Linali buku la sukulu, koma linapatsidwa mphamvu ya lamulo. Popeza zambiri zinali zitasintha, Codex inakonzedwanso n'kutuluka mu 534 m'mabuku 12, ndipo imeneyi ndi imene yatifika. Malamulo atsopano amene Justinian anapitiriza kutulutsa mpaka imfa yake mu 565 amatchedwa Novellae, ndipo ambiri mwa iwo ali m'Chigiriki.

## Zimene zinalephereka

Justinian ankafuna kutseka mikangano. Analetsa kutchula mabuku akale m'khoti. Analetsa kulemba ndemanga pa Digest, kupatula kumasulira liwu ndi liwu ndi kulemba timitu tachidule. Analetsanso alembi kufupikitsa mawu pokopera. Ananena kuti m'buku lonse mulibe mfundo ziwiri zotsutsana, ndipo woganiza kuti wazipeza ayang'anitsitse. Zotsutsana zilimo zambiri.

Chiletso choyamba chinagwira ntchito moposa muyezo. Mabuku akale aja analeka kukoperedwa, n'kutha. Ndiye buku lomwelo limene linapulumutsa Ulpian ndi Papinian linathandizanso kukwirira zonse zimene sizinalowemo. Buku limodzi lokha la nthawi ya akatswiri latifika pafupifupi lathunthu: la Gaius lija, limene Barthold Niebuhr analipeza mu 1816 m'nyumba ya mabuku ya tchalitchi ku Verona, litafufutidwa n'kulembedwapo zolemba za Jerome Woyera pamwamba.

Chiletso cha ndemanga chinasweka Justinian akuona. Maloya olankhula Chigiriki sakanatha kugwira ntchito ndi mabuku 50 a Chilatini chakale, choncho aphunzitsi anayamba kulemba zidule ndi zofotokozera m'Chigiriki. Sukulu yotchuka ya ku Beirut inagwa ndi chivomezi mu 551. Kum'mawa malamulowa anapitirira m'maonekedwe a Chigiriki: Basilika ya mabuku 60 cha m'ma 900, kenako kabuku kachidule ka mu 1345 kotchedwa Hexabiblos, kamene ku Greece kanagwira ntchito mpaka 1946. Ku Italy, Justinian anakhazikitsa mabuku ake mu 554 atalanda dzikolo, koma mu 568 mtundu wina wotchedwa Alombadi unalowa n'kutenga gawo lalikulu. Papa Gregory Wamkulu anatchula Digest m'kalata mu 603. Kuchokera pamenepo, kumadzulo bukuli linangoti zii mpaka mu 1076, pamene linatchulidwanso pa mlandu wina wa malo ku Marturi, m'dera la Tuscany.

## Bologna

Buku limodzi lokhala ndi Digest yonse, lokoperedwa m'zaka za m'ma 500 momwemo, linapulumuka ku Italy. Linkasungidwa ku Pisa, ndipo anthu a ku Florence atagonjetsa mzindawo mu 1406 analitenga. Lili ku Florence mpaka lero. Pafupifupi zonse zimene dziko likudziwa za Digest zikutsamira pa buku limeneli ndi pa lina limene linakoperedwa kuchokera kwa ilo.

Cha m'ma 1100 mphunzitsi Irnerius anayamba kuphunzitsa mabuku a Justinian mumzinda wa Bologna ku Italy. Iye ndi omutsatira anachita ndendende chimene mfumu ija inaletsa: ankalemba tindemanga pakati pa mizere ndi m'mphepete mwa tsamba, kulumikiza ndime ya m'buku 9 ndi ya m'buku 47, kuyesa kuyanjanitsa zotsutsana. Cha m'ma 1240 Accursius anasonkhanitsa tindemanga pafupifupi 96,000 pamodzi. M'zaka za m'ma 1300 Bartolus ndi anzake anayamba kugwiritsa ndimezi poyankha mafunso amene Aroma sanakumane nawo, monga lakuti wamalonda wa mzinda wina akachita pangano mumzinda wina, lamulo la kuti ligwire ntchito.

Chifukwa chiyani anthu anathamangira buku la zaka 500? Mizinda ya ku Italy inkakula ndi malonda, ndipo miyambo ya m'midzi inalibe yankho pa nkhani za ngongole zazikulu, makampani ndi zombo. Mafumu ankafuna alembi ndi majaji ophunzira. Mpingo wa Katolika, umene malamulo ake Gratian anawasanja cha m'ma 1140, unabwereka kwambiri njira za Aroma zozengera milandu. Anyamata ankachokera ku Germany, France, Spain, Poland ndi kwina kukaphunzira ku Bologna, pobwerera kwawo n'kukhala majaji. Mwambo wa dera unkayamba ndiwo. Pamene mwambo wangoti chete, jaji ankatsegula Justinian. Ndipo popeza mwambo unkafunika umboni pamene buku linali pa tebulo kale, buku linkapambana kawirikawiri. Khoti lalikulu la ufumu wa Germany litakhazikitsidwa mu 1495, linauzidwa kuweruza ndi malamulo ophunziridwawa. Dzina loti Corpus Juris Civilis, limene mabuku anayi aja amadziwika nalo lero, silinachokere kwa Justinian. Linakhazikika ndi buku losindikizidwa ndi Dionysius Gothofredus mu 1583.

## Chimene anthu anatengamo

Malamulo enieni a Aroma ambiri anafa nawo limodzi. Chimene chinayenda ndi zida zosiyanitsira nkhani. Aroma anasiyanitsa mwini chinthu ndi amene chinthucho chili m'manja mwake, n'kupereka chitetezo chosiyana kwa aliyense: ngakhale mwini weniweni saloledwa kulanda ndi mphamvu, apite kukhoti. Anasiyanitsa ngongole yobwera chifukwa cha pangano ndi yobwera chifukwa cholakwira mnzako. Anavomereza kuti kugula ndi kugulitsa, kubwereketsa kolipira, kuchita bizinesi limodzi ndi kutuma munthu zimamanga anthu pa kugwirizana kokha, popanda mwambo uliwonse. Paulus analemba kuti umboni aupereke amene akunena, osati amene akukana. Ulpian anasunga yankho la Mfumu Trajan loti kuli bwino wolakwa apulumuke kusiyana ndi kulanga wosalakwa. Lamulo loti katundu wa mmodzi akaponyedwa m'nyanja kuti chombo chisamire onse opulumuka agawane chitayikocho, limene Aroma analitenga ku chilumba cha Rhodes, makampani a inshuwalansi ya zombo akulitsatirabe.

M'mabuku omwewo mulinso ukapolo, tsamba ndi tsamba. Kapolo wometedwa uja akuwerengedwa ngati katundu wowonongeka. Katswiri Florentinus anavomereza kuti ukapolo ndi wotsutsana ndi chilengedwe, koma anaufotokoza ngati lamulo la mitundu yonse, ndipo atsamunda a ku Cape, ku South Africa, anatembenukira ku ndime zimenezi poweruza nkhani za akapolo awo. Akazi ankaletsedwa maudindo a boma. Buku loyamba la Codex lili ndi zilango za anthu osiyana chikhulupiriro ndi mfumu. Pa ndale, mabukuwa anatumikira mbali zonse ziwiri. Mafumu ankakonda ndime ya Ulpian yoti chimene chakomera mfumu chili ndi mphamvu ya lamulo. Ofuna nyumba za malamulo anatola kachiganizo kena ka mu Codex, koti chokhudza onse chivomerezedwe ndi onse, kamene poyamba kankangonena za anthu angapo olera mwana wamasiye mmodzi.

## Napoleon, Ajeremani ndi Angerezi

Chimene chinachotsa Justinian m'makhoti a ku Ulaya ndi codification yomweyo. France isanasinthe boma mu 1789, kumpoto kunali miyambo yambirimbiri, kum'mwera malamulo a Aroma. Napoleon anasankha maloya anayi, mmodzi mwa iwo Portalis, ndipo mu 1804 kunatuluka Code civil ya ndime 2,281, yolembedwa m'Chifalansa chomveka. Inathetsa mphamvu ya malamulo a Aroma m'khoti, koma gawo lake la mapangano linachokera kwambiri kwa Robert Pothier, amene anathera moyo wake pa Digest. Ku Germany kunabuka mtsutso mu 1814 pakati pa akatswiri awiri a malamulo: Thibaut ankafuna code mwamsanga, Savigny ankati lamulo limakula ndi anthu ake ngati chinenero ndipo nthawi sinakwane. Ophunzira a Savigny anatha zaka zambiri akusanja Digest mwatsopano, ndipo code ya Germany inayamba kugwira ntchito pa 1 January 1900. Kuchokera ku mabuku awiriwa, ndi la ku Switzerland, njirayi inafalikira ku Chile mu 1855, ku Japan mu 1898, ku Turkey mu 1926, ku Egypt mu 1949. China inayamba kugwiritsa ntchito code yake ya ndime 1,260 pa 1 January 2021. Mayiko onsewa amatchedwa a civil law: jaji amayambira pa ndime ya m'buku.

England inatenga njira ina chifukwa makhoti a mfumu anali atalimba kale m'nthawi ya Henry II, m'zaka za m'ma 1100, ophunzira a ku Bologna asanachuluke, ndipo maloya ankaphunzitsana okha ku London. Kumeneko kunakula common law, m'mene jaji amayambira pa zigamulo za majaji am'mbuyo. Chochititsa chidwi n'chakuti pa kaganizidwe, jaji wa Chingerezi woyenda mlandu ndi mlandu amafanana kwambiri ndi Ulpian kuposa mmene jaji wa code amafananira naye.

## Malire atatu a kwathu kuno

Basi yochoka ku Blantyre kupita ku Johannesburg imadutsa m'mabanja atatu a malamulo. Ku Malawi, lamulo la atsamunda la mu 1902 linabweretsa common law ya ku England monga inalili pa 11 August chaka chimenecho, ndipo ikugwira ntchito pambali pa malamulo a miyambo yathu ndi opangidwa ndi aphungu, pansi pa malamulo aakulu a dziko a mu 1994. Zambia nayo ili m'banja lomweli. Mukangowoloka ku Zobue mwalowa m'dziko la code: Mozambique inasunga code ya Apwitikizi ya mu 1966, yosanjidwa motsatira ya ku Germany, ngakhale magawo ena monga a za banja anawalembanso.

Ku Nyamapanda ndi ku Beitbridge nkhani ndi ina. Ku Holland, akatswiri monga Hugo Grotius mu 1631 ndi Johannes Voet cha m'ma 1700 anasakaniza malamulo a Aroma ndi miyambo ya kwawo, ndipo kampani ya Adatchi inafika nawo ku Cape mu 1652. Angerezi atalanda Cape mu 1806 anawasiya malamulowo m'malo. Ku Holland komweko anathetsedwa mu 1809 pamene code ya mtundu wa Napoleon inalowa, koma ku Cape palibe anawalemba m'code, choncho anangopitirira, n'kufalikira ku Lesotho, Botswana, Eswatini, Namibia ndi ku Zimbabwe, kumene anatenga malamulo a ku Cape monga analili pa 10 June 1891. N'chifukwa chake jaji wa ku Bloemfontein kapena ku Harare akhoza kutsegula Voet, ngakhale Digest yeniyeniyo, pamene jaji wa ku Rome kapena ku Amsterdam sangagamule nazo mlandu. Amene anagulapo galimoto yogwiritsidwa kale ntchito kwa munthu ku Joni mwina anaona mawu oti voetstoots pa pepala la mgwirizano. Wogulitsa amawaika pofuna kuthawa udindo wa zilema zobisika, udindo umene unayambira pa chilengezo cha oyang'anira misika ya ku Rome chija. Sateteza wogulitsa amene anadziwa chilema n'kuchibisa dala.

Ku Malawi malamulo a Aroma sanalowere pakhomo, koma m'mazenera analowa. Ku England nkhani za maukwati ndi za mawilo a chuma cha masiye zinkazengedwa kwa zaka mazana ambiri m'makhoti a mpingo, ndipo za zombo m'khoti lapadera. Onsewa ankatsatira maphunziro a ku Bologna. Mabwalo a Mpingo wa Katolika oona za maukwati amayendera mfundo yoti ukwati umamangidwa ndi kuvomereza kwa awiriwo, mfundo imene ili m'buku lomaliza la Digest pansi pa dzina la Ulpian. M'buku lomwelo muli ndime ina yake yoti munthu sangapatse mnzake ufulu woposa umene iye mwini ali nawo. Lamulo lathu la kugula ndi kugulitsa katundu, lotengera la ku England la mu 1893, lili ndi mfundo yomweyo, ndipo ndi imene imachititsa kuti wogula njinga kapena foni yakuba, ngakhale analipira ndalama zonse osadziwa kanthu, kawirikawiri amayenera kuibweza mwini wake akapezeka, iye n'kutsala ndi ntchito yosaka amene anamugulitsa.